Malungo a Akamwini kwa Ndake

Amai Perpetua Njobvu ali ndi zaka makumi asanu chaka chino cha 1990. Ndi wofufuza za umoyo wa anthu m'boma la Petauke, ndipo alemba mabuku anayi. Ine wolemba ndine Eustace Daka. Ndinali mlangizi wa thonje ku Nyimba zaka makumi awili ndi ziwili. Zambili zili pano ndinaziona ndi maso anga. Zina anandiuza eni ake.

Perpetua anabadwila kwa Kalindawalo, woyamba mwa ana asanu. Atatu apakati anamwalila ali aang'ono, awili ndi matenda a m'mimba, mmodzi ndi chikuku. Anatsala iwo ndi wotsiliza, mnyamata, dzina lake Febian. Amai awo anamwalila Perpetua ali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi chimodzi, Febian ali ndi zinayi. Bambo anali ku migodi ndipo sanabwelenso. Febian analeledwa ndi mlongo wakeyo.

Masisitele a ku mishoni anatenga mtsikanayo kuti azitsuka mabotolo ndi kukolopa ku kiliniki. Ataona kuti amayamba wawelenga pepala la pa botolo asanalitsuke, anamubwezela ku sukulu, kenako ku maphunzilo a unamwino. Febian anakulila pa mishoni pomwepo. Mu 1964, tsiku limene mbendela yatsopano inakwela ku Petauke, anthu anali ku bwalo kuvina. Perpetua anali pa ntchito, chifukwa azimai awili anabeleka tsiku lomwelo.

Mu 1970 anawatumiza ku kiliniki yaing'ono kufupi ndi Nyimba. Ndi kumene ndinawadziwila. Sanali munthu wosekaseka, ndipo odwala ankadandaula kuti amafunsa ngati wapolisi. Munthu wabwela ndi chilonda cha pamwendo, iwo akufunsa kumene amatunga madzi. Mayankho ankalemba m'kabuku ka ana a sukulu kamene sikankachoka m'thumba la yunifomu.

Zaka zimenezo boma linalimbika pa thonje. Ntchito yanga inali kulemba alimi ndi kuwagawila mbewu, mankhwala ophela mbozi ndi pampu yobeleka kumsana. Mlimi aliyense wolembedwa ankalandilanso ovolosi ndi jombo. Ndinkawasonkhanitsa pansi pa mtengo n'kuwaphunzitsa: valani izi popopela, musadye musanasambe m'manja, mukamaliza vulani zonse, sambani thupi lonse ndi sopo. Onse ankavomela. Anali madoda a imvi, eni minda kapena amuna a eni minda. Sindinafunsepo kuti adzapopela ndani. Yankho ndinkalidziwa, koma pa fomu panalibe malo ake.

Kwathu kuno mnyamata akakwatila amakakhala kwa mkazi. Ndi mkamwini. Amalima munda wa apongozi zaka zingapo asanapemphe kutenga mkazi kupita naye kwawo. Ntchito yolemetsa ndi yake. Sakana, sadandaula, ndipo sayang'anana ndi apongozi ake aakazi. Akakumana panjila, mmodzi amapatukila kutchile. Choncho pampu itafika m'midzi inapita yokha pamsana pa mkamwini. Ovolosi ndi jombo zinatsala kwa amene anasaina. Pa Sondo m'tchalitchi munkangomveka jombo zatsopano kupita ku mipando ya kutsogolo.

Febian anakwatila mu 1972 kwa Ndake. Mkazi wake anali Jennipher, mwana wa aJosiah Miti ndi Amai Olipa. Munda unali wa Amai Olipa. Dzina la pa fomu yanga linali la aJosiah. Chaka choyamba mudzi wonse unamutama Febian, chifukwa anazula yekha zitsa pa maekala awili. Pamalo pomwepo anabzalapo thonje mu 1974, ndipo zinthu zinasintha.

Kuyambila Januwale mpaka Malichi, nthawi yopopela, Febian ankadwala. Mutu, kusanza, thukuta, malovu odzaza mkamwa, manja kunjenjemela. Agona masiku awili, adzuka, apopela, agonanso. Ku kiliniki ya kufupi ankalemba kuti malungo, n'kumupatsa kolokwini. Simungawanene, miyezi imeneyo malungo amakhala paliponse. Mvula ikatha, munthu uja ali bwinobwino. Anthu a m'mudzi anaona zimene anaona: amadwala nthawi ya ntchito, amachila nthawi ya mowa. Sanali yekha, ndipo matendawo anapatsidwa dzina lachipongwe. Ankati malungo a akamwini. Tanthauzo lake linali ulesi.

Kumapeto kwa Januwale 1976 Febian anafika ku kiliniki ya mlongo wake atakwezedwa pa njinga.

"Alongo, andipatsa masabata atatu," anatelo.

"Ndani?"

"Ankhoswe. Apongozi akuti atopa kudyetsa munthu wogona. Loweluka lachitatu akhala pansi. Akandipeza wolakwa, ndinyamule khasu langa ndi bulangeti."

"Nanga ana?"

"Mukudziwa kale. Ana ndi a kuchikazi."

Anali ndi ana awili, mtsikana wa zaka zitatu ndi khanda lalimuna. Ukwati ukatha, iye akanakhala mlendo wobwela kudzawaona pa Khisimasi.

Perpetua sanamutonthoze. Anamubaya chala, n'kuyang'ana magazi pa makina. Munalibe tizilombo ta malungo. Anamuyang'ana m'maso, kakuda kapakati kanali katachepa ngati nsonga ya singano. Kenako ananunkhiza shati yake.

"Iyi unaichapa liti?"

"Pa Sondo."

"Lelo ndi Lachinayi. Wapopela liti?"

"Lolemba, ndi mailo, Lachitatu."

"Mailo unamaliza nthawi yanji?"

"Cha m'ma teni."

"Unasamba nthawi yanji?"

Febian anayang'ana pansi. "Dzuwa litalowa."

"Tsiku lonse m'shati yonyowa? Unali kuchita chiyani?"

"Kupalila. Ndikhale pansi teni koloko pamudzi pa eni ake? Ndiponso bafa lili kuseli kwa nyumba ya apongozi. Ndidutse pakhomo pawo masana ndi thaulo paphewa, iwo ali pa mtondo? Alongo, inunso ndinu a kuno."

"Ovolosi ili kuti?"

"Ndipemphe zovala za apongozi aamuna?"

Namwino wina akanamupatsa kalata yopita nayo kwa ankhoswe, basi. Perpetua anadziwa kuti kalata ya mlongo palibe angaimve. Ndiponso iwo eni sankakhulupilila nkhani ya munthu mmodzi, ngakhale akhale mbale wawo. Anapempha tchuthi cha masiku khumi. Anapita ku makiliniki atatu, n'kubweleka mabuku olembamo odwala a zaka ziwili. Anatolamo maina a amuna achinyamata amene analembedwa malungo katatu kapena kupitilila pa dzinja limodzi. Anapeza maina makumi asanu ndi limodzi mphambu anayi. Anakwela njinga m'matope kuwafunafuna mmodzimmodzi, ndipo anakumana ndi makumi anayi mphambu asanu ndi awili.

Mafunso anali atatu okha. Mumapopela thonje? Mumakhala kwanu kapena kwa mkazi? Tsiku lopopela mumasamba nthawi yanji?

Onse, kupatula atatu, anali opopela. Makumi atatu mphambu asanu ndi anayi anali akamwini, ndipo onsewo ankasamba dzuwa litalowa. Perpetua sanalekele pomwepo. Anafunanso amuna makumi atatu opopela minda yawoyawo. Mwa amenewo odwaladwala anali anayi okha. Munthu wa pamudzi pake akachoka kumunda amavula shati pabwalo, mkazi wake n'kumuthila madzi, n'kugona pa mthunzi. Mankhwala anali amodzimodzi, pampu zimodzimodzi.

Tsiku lachisanu ndi chitatu anafika ku ofesi yanga, matope mpaka m'mawondo.

"ADaka, ovolosi mumapatsa ndani?"

"Mlimi."

"Mlimi ndi ndani?"

"Wolembedwa."

"Mwa anthu anu olembedwa, ndi angati amene munawaonapo atabeleka pampu?"

Ndinayankha kuti za m'mabanja si za ulimi. Choona n'chakuti ndinali ndi mantha. Thonje linali nkhani ya chipani, ndipo chipani chinali chimodzi. Wonena kuti mankhwala a thonje akudwalitsa anthu ankatengedwa ngati wobweza chitukuko m'mbuyo.

"Amai Njobvu," ndinatelo, "mudzadzuka tsiku lina atakusamutsilani kumalile a dziko."

"Kumeneko kulibe odwala? Ndibwelekeni pampu imodzi. Musasankhe. Tengani iliyonse mwa zimene mumagawa."

Tsiku limenelo ndinakana. M'mawa mwake ndinapeleka.

Asanachite china Perpetua anapita kwa Amai Olipa. Popeza ndi iwo analela Febian, awiliwo ankaitanana asewele, monga amachitila makolo a anthu okwatilana. Anawapeza akusenda mawungu pakhonde.

"Asewele, mkamwini wanu amasamba nthawi yanji?"

Amai Olipa anagwila pakamwa. "Ha! Asewele, sukulu inakuonongani. Ine ndidziwe za kusamba kwa mkamwini? Ndamuonela kuti?"

"Simungadziwe, ulemu wake ndi umenewo. Iyenso sangakuuzeni. Ndiye ndabwela ine."

"Mwabwela kudzamuikila kumbuyo poti ndi mwana wanu. Mankhwala aja ndi a mbozi. Iye ndi mbozi? Atate ake a Jennipher amasunga zigubu zake pansi pa bedi, sanadwalepo."

"Zili zotseka. Lachitatu m'mawa bwelani kumunda kwanu. Muitane azimai onse amene ali ndi akamwini."

"Loweluka mlandu ulipo ndithu."

"Sindinati muuchotse. Ndati bwelani."

Amai Olipa anali mtsogoleli wa azimai a mpingo, ndipo akaitana anthu ankabwela. Lachitatu lija kumunda kunafika azimai opitilila makumi atatu, madoda angapo, ndi ine. Akamwini anaima patali kuseli kwa chulu. Kunafikanso munthu amene sanaitanidwe, aEzekiel Sakala, tcheyamani wa nthambi ya chipani, chifukwa anthu sankasonkhana iwo osadziwa. Anali wamfupi, wonenepa, ndipo anavala shati yawo yoyela ya misonkhano.

"Amai Njobvu, tamva kuti mukuopseza anthu," anatelo. "Pampu izi zinabwela ndi boma. Boma lingapatse anthu ake chinthu chowapha?"

"Sindinanene zimenezo, aTcheyamani. Ndikuti pampu imanyowetsa woibeleka."

"Bodza. Imapopela kutsogolo."

"Munaibelekapo?"

"Ndili ndi akamwini atatu."

Azimai anaseka. ATcheyamani anasekanso, osadziwa kuti akusekedwa ndi iwo.

"Pampu iyi ndaitsuka katatu," anatelo Perpetua. "Muli madzi okha, ndi jivi, mankhwala a buluu aja timapaka pa zilonda. Sapweteka munthu. Ndimafuna abeleke Febian, koma anthu anena kuti wadzithila dala. Inu palibe angakukayikileni. Mizele khumi yokha, muonetse anthu kuti ndikunama."

Pamaso pa azimai makumi atatu sakanakana. Ndinawamanga malamba ine ndemwe, monga mmene ndinkaphunzitsila. Analowa m'thonje lofika m'chiuno, azimai akuwaombela m'manja. Pa mzele wachitatu kamphepo kanatembenuka. Pa wachisanu kakamwa ka pampu kanatsekeka, ndipo iwo anakachotsa n'kukauzila ndi milomo, monga amachitila wopopela aliyense. Anapukuta thukuta pamphumi kangapo. Atamaliza, Perpetua anawapatsa nkhaka kuti aphe ludzu, ndipo anailuma kawili asanatule pampu.

Anatula pampuyo. Kenako kunabuka phokoso.

Msana wonse unali buluu, kuyambila m'khosi mpaka kumatako, pamene chivindikilo chinkadonthela. Buluku linali buluu kuchokela m'chiuno kutsika, chifukwa cha masamba onyowa. Manja, mphumi, khutu limodzi. Milomo inali bii. Nkhaka ija inali ndi zala zisanu za buluu.

"ATcheyamani, mwaba mabulosi a yani?" anafuula mai wina.

"Amai a kunyumba akakulandilani ngati ndani lelo?"

"Akawauze kuti ndi yunifomu yatsopano ya nthambi!"

ASakala anadziyang'ana m'manja, n'kuyesa kupotoza khosi kuti aone kumsana. "Madzi! Wina andipatse madzi ndi sopo."

"Dikilani," anatelo Perpetua. "Ino ndi teni koloko. Mkamwini sasamba teni koloko. Nali khasu. Palilani mpaka dzuwa lilowe. Chakudya akubweletselani konkuno, mudye ndi manja omwewo. Mawa muvalenso shati yomweyo."

Kuseka kunatha.

"Awa ayenda mizele khumi," anapitiliza, akuyang'ana azimai aja. "Ana a eni ake amene ali m'midzi mwanu amayenda maekala awili, kawili pa sabata mbozi zikachuluka. Jivi amaoneka ndipo sapha. Mankhwala a thonje saoneka, ndipo amalowa pakhungu. Sindikuti musiye thonje. Sindikuti muziyang'anana ndi akamwini anu. Ndikuti munthu akapopela asambe nthawi yomweyo, ndipo zovala zopopela zivalidwe ndi wopopela."

Anawelenga za m'kabuku kawo, mudzi ndi mudzi, osatchula maina. Azimai ena anazindikila okha kuti akunena nyumba zawo.

ASakala sanali munthu wopusa. Anaona kumene mphepo yalowela. Anaimilila pa chulu ali buluu choncho, n'kunena kuti nthambi ya chipani inali itaiona kale nkhani imeneyi, ndipo iwo anadzipeleka dala kuti anthu aone okha. Sabata lomwelo analemba kalata ku boma yonena kuti nzelu imeneyi yachokela ku nthambi yawo. Perpetua sanatsutse. Anandiuza kuti kalata imeneyo ndi imene idzawasunge pa ntchito, ndipo zinatelodi. Milomo ya aSakala inatenga masiku asanu kuti iyele.

Amai Olipa anatembenuka. Anatola khasu lawo n'kupita. Febian anakhala masiku atatu osadziwa kuti zikhala bwanji.

Loweluka ankhoswe a mbali zonse anakhala pansi pa mtengo wa mango. Ine ndinaitanidwa ngati mboni. Febian anakhala chapatali, atatembenukila kumbali. Jennipher anali ndi khanda kumbuyo, maso ali pansi. AJosiah anabwela atavala jombo, popeza linali tsiku la mlandu.

Amai Olipa analankhula kwa ankhoswe, koma mokweza kuti wa patali amve. Sanapepese.

"Mlandu ndauchotsa. Bafa limangidwe kumunda, pafupi ndi chulu. Tsiku lopopela ine kumunda sindifikako mpaka dzuwa lipendeke, ndiye pasakhale wonena kuti akuchita manyazi. Madzi azitenga Jennipher, ndowa ziwili. Munthu akasamba akhale pansi, palibe amene amuwelengele. Zovala zopopela zizichapidwa pazokha, osati ndi matewela a mdzukulu wanga."

Ankhoswe a kuchimuna anayamba kuthokoza ndi mawu ambili. Amai Olipa anawadula, n'kutembenukila kwa amuna awo.

"Inu, vulani jombozo."

"Pano?"

"Pano."

"Ndibwelele bwanji kunyumba, amake Jennipher?"

"Mmene munabwelela kudzandikwatila."

AJosiah anavula. Ankhoswe ananyamula jombo zija n'kukaziika pamaso pa Febian, ndipo iye anaomba m'manja atayang'ana kumbali. Jennipher analuluta yekha, kenako azimai ena anamuthandiza. Perpetua anakwela njinga kubwelela ku kiliniki, chifukwa tchuthi chinali chitatha kale masiku anayi.

Dzinja limenelo Febian anapopelanso kasanu ndi kamodzi. Anagona kamodzi kokha, theka la tsiku. Chaka chotsatila ndinawelenga mabafa a udzu makumi atatu ndi limodzi m'mphepete mwa minda ya kwa Ndake. Perpetua anabwelela ku mabuku a makiliniki atatu aja zaka ziwili zitapita. Amuna olembedwa malungo katatu pa dzinja anali atatsika kufika pa khumi ndi asanu ndi anayi. Ine ndinawonjezela mzele ndi dzanja pa fomu yanga, wofunsa dzina la wopopela, ndipo sindinapelekenso ovolosi kwa munthu wina koma iyeyo. Madoda ena anandida. Wina ankatuma mkamwini kudzalandila, n'kukamudikila pa mphambano kuti amulande. Si zonse zinakonzeka.

Buku loyamba la Perpetua linatuluka mu 1978, mutu wake Wopopela Asambe Kumunda. Linali la masamba makumi awili ndi anayi, lopukusidwa pa makina a dzanja a ku mishoni, mabuku mazana atatu. Silinalembedwele alimi. Linalembedwela apongozi, ndipo linkawelengedwa pa misonkhano ya azimai a mpingo, kuyambila Nyimba mpaka kwa Kalindawalo. M'menemo mulibe mawu onyoza chikamwini ngakhale amodzi. Muli miyeso ya bafa, kuchuluka kwa madzi, ndi mawu amene mpongozi angatume kudzela mwa mwana wake kuti mkamwini asachite manyazi. Tsamba lotsiliza limafotokoza kasakanizidwe ka jivi, kwa aliyense amene ali ndi munthu wamakani m'mudzi mwake.

Dokotala wina wa ku Lusaka analiona bukulo, n'kufunsa Perpetua amene anawaphunzitsa kufufuza. Anayankha kuti palibe. Dokotalayo anawaitana kukaphunzila za umoyo wa anthu zaka ziwili. Atamaliza anawapatsa tebulo ndi mpando ku likulu. Anakhalapo miyezi inayi, n'kupempha kubwelela. Anafika ku Petauke mu 1981, ndipo kuyambila pamenepo ntchito yawo ndi kufufuza basi.

Buku lachiwili, Pampu Isafike Pachitsime, linatuluka mu 1983. Anali ataona kuti anthu atayamba kusamba anayambanso kutsuka pampu, koma ankazitsukila pa chitsime ndi m'madambo momwe ana amagwila nsomba. Anayenda zitsime makumi asanu ndi limodzi asanalembe. Chaka chomwecho anamwalila amuna awo, aBonaventure Chulu, mphunzitsi wa pulaimale, amene ankawakonzela zilembo ndi kuwajambulila zithunzi. Mabuku otsatila alibe zithunzi.

Lachitatu ndi limene linafika kutali, mpaka ku Katete ndi ku Lundazi: Chigubu Chikatha, Chibooleni. Zigubu za mankhwala zinali zolimba ndi zokongola, ndipo anthu ankasungilamo mchele, mafuta ndi thobwa la kumunda. Ena ankathila mankhwala a thonje m'nkhokwe kuti aphe anankafumbwe. Perpetua ankayenda ndi msomali waukulu ndi hamala m'chikwama. Akapeza chigubu pakhomo ankapempha kuchiona, ndipo chinkabwelela kwa mwini wake chili ndi mabowo atatu. Anatukwanidwa m'midzi yambili. Sanasiye.

Lachinayi linali la utsi wa m'makhitchini ndi chifuwa cha ana. Limenelo linalephela. Iwo amati ndi limene analifufuza bwino kuposa onse, koma palibe mai amene anavomela kuboola khoma la khitchini yake chifukwa cha buku. Mabuku ambili anathela kupichila fodya. Pali malipoti enanso a Chingelezi amene anatumiza ku Lusaka. Amenewo sindinawawelenge.

Febian analoledwa kutenga mkazi wake kupita naye kwawo mu 1979. Anathokoza, koma sanasamuke. Amai Olipa atamwalila mu 1986, bokosi anakhoma ndi iye. Ali kwa Ndake mpaka lelo ndi Jennipher ndi ana asanu ndi awili. Dzanja lake lamanzele limanjenjemelabe akanyamula kapu, ndipo mlongo wake akuti silidzasiya.

Amai Perpetua mwezi uno ali kwa Kalindawalo, akuyeza madzi a zitsime makumi anayi. Amaliza khumi ndi zisanu ndi ziwili.